Chifuwa Chimodzi, Odwala Khumi ndi Awiri

Chifuwa cha amuna anga ndinachipeza Lolemba m'mawa m'fayilo ya mayi wina wosoka zovala.

Ndimagwira ntchito kukampani ya inshuwalansi ya zachipatala. Membala wathu akadwala n'kupita kuchipatala cholipira, chipatalacho chimatumiza bilu kwa ife, ndipo ine ndi amene ndimaisefa ndisanaidinde kuti ilipiridwe. Matenda aliwonse ali ndi khodi yake, manambala ndi zilembo zimene zimatiuza chimene dokotala anapeza. Mabilu amafika opanda mayina, nambala ya membala yokha basi, kuti tisamakondere abale. Ndakhala pampando umenewu zaka khumi ndi chimodzi, pafupi ndi fotokope yotentha ngati mbaula, ndipo ndinkadzitama kuti khodi yabodza sindiiphonya.

M'mawa umenewo a Sajeni anaponya envulopu yakhaki patebulo langa. A Sajeni ndi ofufuza zachinyengo pakampani pathu. Upolisi anausiya kalekale, koma dzina linawakanirira, pamodzi ndi khalidwe lofunsa funso limene yankho lake akulidziwa kale.

"Yabwera yopanda dzina la wotumiza," anatero. "Muli manambala a mamembala khumi ndi awiri, onse a kiliniki ya kuseri kwa depoti ija. Onse akuti anathyoka nthiti, ndipo onse nthiti zawo zinakana kupola. Anthu akugwa kwambiri chaka chino, kapena mukuona bwanji, mayi?"

Khodi ya fupa lothyoka imathera ndi chilembo. A ndiye kuti wodwala wafika koyamba. D ndiye kuti fupa likupola bwinobwino. K ndiye kuti miyezi yadutsa koma fupa lakana kugwirana. Nthiti zambiri zimapola zokha m'masabata asanu ndi limodzi, moti K ya nthiti ndimaiona mwina kawiri pachaka. Koma ikangolowa, chitseko cha ndalama chatseguka: ekisire yobwereza, jakisoni wopha ululu, mafizo olimbitsa thupi, zonsezo timalipira.

Ndinatsegula zithunzi za ekisire pakompyuta. Choyamba, nthiti zitatu za kumanzere zothyoka. Chachiwiri, chimodzimodzi. Chachitatu, cha mayi wosoka uja, ndinachikulitsa. Pamwamba pa nthitizo, pafupa la paphewa, panali kachitsulo kokhomedwa ndi timisomali tisanu ndi tiwiri, kakumapeto kopendekeka. Kachitsulo kameneko ndimakadziwa. Anawaika bambo a mapasa anga chaka chimene tinakwatirana, atagwa panjinga yamoto, ndipo kunja kukazizira ndine amene ndimapakapo mafuta.

Zithunzi zonse khumi ndi ziwiri zinali chifuwa chimodzi. Ndinafufuza manambala aja imodziimodzi, ndipo yomaliza inatulutsa dzina la m'nyumba mwanga. Fayilo yawo inali yonenepa kuposa zonse: maulendo khumi ndi anayi, onse Lachinayi masana. Bilu iliyonse inali ndi fomu yake ya siginecha yawo, imene osefa sitiiona, ndipo pansi pa biluyo panali dzina la woika khodi. Anali Zikhadabo.

Mkazi ameneyu tinaphunzira naye limodzi kosi ya makhodi. Iye anakhala nambala wani, ine wachiwiri, kusiyana malikisi awiri okha, ndipo malikisi awiriwo akundiyabwabe mpaka lero. Iye ali ndi kagalimoto kofiira, ine ndimapanikizana ndi anthu m'minibasi. Zikhadabo zake ndi zazitali, utoto wake umasintha sabata iliyonse, ndipo dzinali ndinamupatsa ndine. Paukwati wa mnzathu wina anavina ndi amuna anga nyimbo ziwiri zathunthu, akuwatchula kuti alamu, mano onse ali panja.

Nanga Lachinayi? Kwa miyezi isanu bambo a mapasa, omwe ndi a zamagetsi, ankati Lachinayi lililonse ali ndi ntchito kunyumba ina yosungiramo katundu kunja kwa tauni. Ankabwerako malaya ali oyera, akununkhira perefyumu amene ine sindigula. Kuchipinda anasiya kugona, ati kukutentha, n'kumagona chokhala pampando wa pabalaza. Ndikawakhudza ankadzidzimuka ngati ndawathira madzi ozizira. Nthiti anathyokadi miyezi khumi yapitayo atagwa pamakwerero, koma kwa ine imeneyo inali mbiri yakale.

"Mwaona chiyani?" a Sajeni anafunsa.

"Chithunzi n'chimodzi," ndinayankha. "Mwini wake sindikumudziwa."

Lamulo limati nkhani ikakhudza m'bale wako, uchokepo. Ine sindikanachoka. Ndinkafuna ndikhalepo pamene mkazi ameneyo akumugwira, ngakhale ndinkadziwa kuti unyolo womwewo ukhoza kumanganso bambo wa ana anga.

A Sajeni anandiyang'ana pamwamba pa magalasi. "Tengani chikwama, tikazonde odwala athu."

* * *

Mayi wosoka tinawapeza pakhonde la sitolo ya nsalu, akupalasa mashini, mapini atatu ali pamilomo. A Sajeni atangotchula nthiti, mayiwo analavulira mapini m'dzanja n'kuyamba, ndipo sanapumire.

"Zija ndi za miyezi inayi yapitayo, bambo. Ndinaterereka kubafa, mwana wanga anasiya sopo pansi, ana a masiku ano. Ndinagwera uku, kumanja. Kukilinikiko ndinapita kawiri basi, koyamba kukalira, kachiwiri kukathokoza. Taonani." Anakweza manja onse m'mwamba n'kudzipotokola ngati akuvina. "Mashini awa ndimalowetsa ndekha madzulo aliwonse."

"Kwathu kwalembedwa kuti munapitako kasanu ndi kanayi," a Sajeni anatero, "ndiponso kuti nthiti zanu za kumanzere sizinapole."

"Za kumanzere? Ndiye kuti zinathyoka ine ndili m'tulo."

Ndinawaonetsa chithunzi pafoni. Anachiyang'ana chozondoka, kenako anachitembenuza.

"Ichi ndi chifuwa cha bambo, mayi. Ine ndayeza anthu zaka makumi awiri, mapewa awa ndi a munthu wovala jekete yaikulu. Nanga chitsulochi? M'thupi mwanga mulibe chitsulo, ngakhale dzino la siliva."

"Munasayina mapepala?" a Sajeni anafunsa.

"Mulu, tsiku loyamba lomwelo. Ati sayinani apa ndi apa, kuti mukamabweranso musamavutike pamzere. Ululu uli pachimake, ine ndikanasayina ngakhale kalata yogulitsira nyumba."

"Anakusayinitsani ndi mkazi," ndinalowererapo. "Wa zikhadabo zazitali."

"Ayi, anali bambo."

"Kumbukirani bwino. Wamtali, wodzimva, wonunkhira ngati sitolo ya mafuta odzola."

"Mayi, mwamuna ndi mkazi ndimawasiyanitsa, ndi ntchito yanga. Anali bambo wa tayi, ndipo tayi yake inali yaifupi, yosafika palamba. Ndinamumvera chisoni mkazi wake."

A Sajeni analemba za tayiyo m'kabuku kawo. Ine ndinawakwiyira mayiwo ngati andibera chinachake.

* * *

Kiliniki ya kuseri kwa depoti ndi nyumba yakale yogonamo imene anaisandutsa chipatala. Pabalaza pali mabenchi atatu ndi wailesi yakanema yopanda mawu. Mwini wake ndi dokotala wokalamba amene amangoona odwala. Makiyi, ndalama ndi mapepala anasiyira mwamuna wa mwana wake, yemwe pachitseko analembapo kuti manijala koma aliyense amangomutchula kuti Mkamwini. Nthawi imeneyo n'kuti atapita kubanki, choncho tinazungulira kuseri, kuchipinda cha ekisire.

Wojambula anali munthu wowonda, woumira mawu ngati amachita kugula. Tinamupeza akusewera gemu pafoni, miyendo atasanjika pamakatoni a magolovesi.

"Chithunzi ichi munajambula ndinu?" a Sajeni anayamba.

"Eya."

"Kangati?"

"Kamodzi."

"Nanga zinazi, za masiku osiyanasiyana?"

Anakankha katoni ndi phazi, kutionetsa fumbi pabedi la makina. "Anafa. Miyezi isanu. Icho n'chomaliza."

"Ndiye mumabwera kudzatani?"

"Kudikira malipiro."

"Chithunzichi chinatuluka bwanji m'chipinda muno?"

Wojambula anadzuka n'kukatseka chitseko. "Anadzapempha. Ati chophunzitsira manesi. Ndinaika pafulashi."

"Anapempha ndi wa makhodi uja," ndinatero.

"Uja salowa muno. Amati fumbi."

"Nanga ndani?" a Sajeni anafunsa.

"Ndili ndi ana, bwana."

A Sajeni sanamukakamize. Anatseka kabuku kawo ngati kuti yankho alilandira. Wojambula anatenga foni yanga n'kukulitsa chithunzi chija ndi zala, ndipo pokhapo ndi pamene analankhula ngati munthu.

"Chinatuluka bwino chimenechi. Taonani nsonga za mafupazi. Zasalala, zaleka kufunana. Munthu ameneyu akapuma zimakhulana. Sindidziwa kuti amagona bwanji."

Mawuwo ndinawamva, koma ndinangowadutsitsa. Mtima wanga unali pakhoma, chifukwa kuseri kwake kunkamveka kiyibodi, ndi zikhadabo zikugogoda mwachangu osaphonya.

* * *

Ndinkafuna kulowa momwemo nthawi yomweyo, koma a Sajeni ananditengera kugalimoto. "Kuona maso a nkhono n'kudekha, mayi," anatero, uku akuyala mafomu khumi ndi anayi aja pampando wa kumbuyo, motsatana masiku. "Yang'anani masiginecha."

Siginecha ya bambo a mapasa ndi yonyada, mchira wake umakwera m'mwamba. Izi zonse zinali zonjenjemera, mchira uli pansi. Pafomu yoyamba inki inali yakuda bii. Inkafooka fomu ndi fomu, mpaka payomaliza anachita kubwerezapo kawiri.

"Cholembera chimodzi, chikutha inki," a Sajeni anatero. "Koma masiku ake akutalikirana miyezi itatu."

"Anasayina tsiku limodzi," ndinatero. "Tsiku limene anagwa. Dzanja linkakana, chifukwa ndi amanzere, ndipo anathyoka kumanzere komweko."

A Sajeni anatembenuka n'kundiyang'ana.

"Munthuyo simukumudziwa," a Sajeni anatero pang'onopang'ono, "koma dzanja limene amalembera mukulidziwa."

Ndinazyolika. "Ndi bambo a kunyumba."

"Ndinadziwa Lachisanu, envulopu itangofika. Khoswe akakhala pamkhate sapheka, ndiye ndimafuna ndione kuti inu mutani naye."

"Mundichotsa pankhaniyi?"

"Ndikadziwa makhodi ndidzakuchotsani. Taonani bilu ya mayi wosoka uja. Anagwa pa 3, ndipo K inalowa pa 24 mwezi womwewo. Woika makhodi wa pano mumamudziwa. Angachite zimenezi?"

Apa ndi pamene nsanje inandipweteka kwenikweni. K pamasabata atatu ndi cholakwa chimene ngakhale wophunzira woyamba kumene sangachite, chifukwa fupa silinapatsidwe n'komwe nthawi yoti lipole. Kukosi kuja, amene ankatikonza tonse pa chinthu chomwechi anali Zikhadabo. Akanakhala wakuba iye, akanadikira miyezi, akanasinthasintha mbali, wina kumanja wina kumanzere, ndipo ine sindikanamugwira mpaka kupuma ntchito. Ndinkadziwa zimenezo. Koma kuvomera kuti ndi wosalakwa kunali kuvomeranso kuti amandiposa.

"Aliyense amalakwitsa," ndinatero.

A Sajeni anangoseka m'mphuno.

Ndiye kuti bambo a mapasa kukiliniki kuno sankabwera. Mtima unatsika pang'ono, kenako unakweranso. Ngati Lachinayi sanali kuno, ndipo malaya oyera aja akukana kuti anali kuntchito, anali kuti?

* * *

Ofesi ya Zikhadabo ndi kachipinda kamene kale kanali kosungiramo ziwiya. Munali mwaudongo mopsetsa mtima. Buku la makhodi linali pakona ya tebulo, timapepala tamitundumitundu titatuluka m'mbali. Sabata imeneyo zikhadabo zinali zobiriwira. Perefyumu ndinamuzindikira ndisanakhale n'komwe pansi.

"Asisi," anatero, "mwasowatu. Mapasa ali bwanji?"

Ndinakoka mpando n'kukhala. A Sajeni anaika mabilu patebulo.

"Onsewa analowa m'kompyuta ndi pasiwedi yanu," anatero. "Onse Lachinayi, pakati pa 2 koloko ndi 4 koloko masana."

"Nthawi imeneyo ine muno sindikhala. Lachinayi ndimaweruka 12 koloko, zili m'kalata yanga ya ntchito."

"Alipo amene angakuchitireni umboni?"

Sanayang'ane a Sajeni. Anayang'ana ine.

"Alipo. Alamu. Lachinayi lililonse masana ndimakhala ndi amuna anu, asisi."

* * *

Mpando unagwa kumbuyo kwanga. "Ndipo ukunena wopanda manyazi, pamaso pa anthu?"

"Khalani pansi, asisi."

"Miyezi isanu ndikununkhiza fungo lako pamalaya awo. Galimoto uli nayo, malipiro abwino uli nawo, nambala wani unatenga. Chinakusowa ndi mwamuna wa mwini?"

"Mayi," a Sajeni anatero, akudzutsa mpando uja. "Mlekeni mboni amalize."

Zikhadabo anatulutsa m'chikwama kabuku ka kuchipatala kokutidwa ndi pulasitiki n'kuwapatsa a Sajeni. "Aka ndi ka mayi anga. Ali ndi matenda a shuga ndi chilonda cha paphazi, ndipo amawatsuka Lachinayi kuchipatala chachikulu. Zidindo ndi izo, sabata iliyonse. Khomo la a mafupa likuyang'anizana ndi lathu, mabenchi ndi amodzi. Makina atafa kuno, adokotala anawatumiza alamu kumeneko. Kabuku kawo amakasunga m'bokosi la zida, pansi pa mawaya."

Zaka khumi ndi zinayi m'banja, bokosi limenelo sindinalitsegulepo. Iye ankadziwa za pansi pake.

"Nanga perefyumu?" ndinafunsa, mawu atayamba kuchepa.

"Ndimawatenga pagalimoto. Tsiku loyamba ndinawaona akutsika minibasi atagwira m'nthiti, misozi ili m'maso, bambo wamkulu ngati uja. Mukanakhala inu mukanawasiya?"

"Pitirizani," a Sajeni anatero.

"Mwezi watha madokotala anati nthiti zija zikufunika opareshoni, aziikire zitsulo. Zitsulozo n'zogula. Atafunsa kukampani kwanu, yankho linabwera loti ndalama za membala ameneyu za chaka chino zinatha. Alamu anakhala pabenchi paja ola lathunthu. Ine ndinadabwa, zatha bwanji, munthu kuno sabweranso? Nditafufuza ndinapeza dzina langa pansi pa mabilu amene sindinawaonepo." Anagogoda bilu ya mayi wosoka ndi chikhadabo. "K ya masabata atatu, asisi. Padzina langa."

Pamenepa ndinamumvetsa kuposa mmene ndinkafunira.

"Envulopu ija munatumiza ndinu," a Sajeni anatero.

"Eya. Ndikanalemba dzina, lero ndikanakhala ndili kunyumba."

"Pasiwedi yanu amaidziwanso ndani?"

"A manijala anatilamula tonse kulemba papepala, ati za mwadzidzidzi. Amasunga m'dirowa mwawo."

Ine za pasiwedi sizinkandikhudzanso. "Bwanji sanandiuze ineyo?"

Zikhadabo anayang'ana pansi kaye. "Ndinawafunsa. Anati mwezi wachitatu atadandaula ululu, munawauza kuti nthiti zimapola m'masabata asanu ndi limodzi, kuti inu mumadziwa chifukwa ndi ntchito yanu. Ati munawonjezera kuti ulesi ulibe khodi."

Ndinanenadi. Ndinanena ndikutsuka mbale, ndipo ndinakondwa ndi mmene mawuwo anamvekera, moti m'mawa mwake ndinakawabwereza kuofesi anthu n'kuseka.

"Pa ma K khumi ndi awiri aja," Zikhadabo anatero, "yoona ndi imodzi yokha. Ndi yokhayo imene ndinaika ndi dzanja langa."

* * *

Mkamwini anabwerako kubanki cha m'ma 3 koloko, akuimba mluzu, makiyi akulira m'chiuno. Tayi yake inali yosafika palamba. Atamva kuti ndife a inshuwalansi anatilandira ndi manja awiri, n'kuitanitsa zoziziritsa kukhosi zimene sitinapemphe.

"Abwana, mwachita bwino kubwera," anatero Mkamwini, a Sajeni atamuonetsa mabilu. "Ine za makhodi sindidziwa ngakhale pang'ono, ine ndi wa makiyi ndi magetsi basi. Katswiri ndi mtsikana uja. Sindikufuna kuipitsa mbiri ya munthu, koma tinene zoona, kagalimoto kaja anakagula ndi chiyani? Zikhadabo zija sabata iliyonse amalipira ndani? Munthu amaoneka."

Ndinachita manyazi. Mawu amenewo anali anga, ndinawalankhulapo kambirimbiri, ndipo m'kamwa mwa munthu wina ankanunkha.

"Mwina palibenso mlandu waukulu, a manijala," ndinatero mofatsa. "Nthiti zikakana kupola, khodi imeneyi ndi yoyenera. Kungoti ina inalowa msanga pang'ono."

"Ndi zimene ndikunena, mayi. Masabata atatu munthu akumvabe ululu, pamenepo n'kumati msanga? Kupola ndiye sanapole."

A Sajeni anaika botolo pansi. "Masabata atatu watchula ndani?"

Mkamwini anayang'ana ine, anayang'ana a Sajeni, kenako anayang'ana mabilu, amene a Sajeni anali atawapinda kuti masiku asaoneke.

"Ndangoyerekeza."

"Mwayerekeza bwino. Tatsegulani dirowa iyo."

"Kiyi wake anasowa."

"Ali m'chiunomo, wachitatu kuchokera kumanzere. Mwakhala mukumugwiragwira chilowereni."

M'dirowa munali pepala la mapasiwedi, fulashi yakuda, ndi mafomu osalembedwa kanthu koma osayinidwa kale, omangidwa ndi mphira mulu ndi mulu. Pamwamba penipeni panali atatu a siginecha yonjenjemera, mchira uli pansi. Ankadikira chaka chatsopano kuti ayambirenso kudya nthiti za amuna anga.

A Sajeni anaimbira anzawo akale a kupolisi. Dokotala wokalamba uja anatuluka m'chipinda chake, chopimira chili m'khosi, n'kuima pakhomo. Anangoyang'ana mkamwini wakeyo, kenako anabwerera kwa wodwala amene anamusiya pabedi.

* * *

Pobwerera a Sajeni anaimika galimoto pafupi ndi siteji yanga, koma sanatsegule chitseko. Anandipatsa mabilu khumi ndi anayi a bambo a mapasa.

"Tembenuzani."

Kuseri kwa bilu iliyonse kumakhala chidindo cha amene anailoleza. Ndinawerenga kawiri. Pa asanu ndi anayi chidindo chinali changa.

"Mulipoti ndilemba zoona," a Sajeni anatero. "Anafika opanda dzina, ndipo khodi yake inali yoona. Ndalama zibwezedwa kwa membala, opareshoni ichitika, kungoti zitenga masabata. Koma chithunzi chinali chomwecho sabata ndi sabata, mayi. Mukanangochitsegula kamodzi."

Sindinachitsegule. Miyezi imeneyo ndinkadinda mabilu maso ali pafoni, ndikuona ngati amuna anga ali pa intaneti ndiponso kuti akucheza ndi ndani. Malachinayi a pamalaya ndinawawerenga onse, koma a patebulo langa sindinawaone.

Ndinafika kunyumba dzuwa lisanalowe. Mapasa ankasewera mpira kuseri. Bambo awo anali pampando wawo uja, pilo ali m'khwapa la kumanzere, ndipo atandiona anamubisa kumbuyo msangamsanga. Ndinapita pabokosi la zida, ndinachotsa mawaya, n'kutulutsa kabuku. Kanali kodzaza zidindo mpaka tsamba lomaliza.

"Mayi a mapasa," anayamba, "ndimafuna ndikuuzeni ndikapeza ndalama."

"Vulani malaya."

Ndinagwada pambali pa mpando n'kuika chikhatho m'nthiti mwawo. "Pumani."

Anakoka mpweya pang'onopang'ono. Pansi pa dzanja langa china chake chinasuntha n'kuti khethe, ngati chitseko cha kabati chosakhazikika. Anatulutsa mpweya, chinabwereranso. Munthu ameneyu anakhala akupuma chonchi miyezi khumi m'nyumba mwanga, ine ndikununkhiza kolala.

"Ndimayesa muli ndi chibwenzi," ndinatero.

Anafuna kuseka, koma anagwira m'nthiti. "Ndi nthiti ziti?"

"Lachinayi ndikuperekezani ndine."

"Zikomo. Kungoti minibasi imandipweteka, mayi a mapasa."

Ndinatenga foni. Nambala ya Zikhadabo ndinali nayo, ndinaikopera m'foni ya amuna anga miyezi inayi yapitayo n'kuisunga pansi pa dzina limene sindingalibwereze pano. Ndinaimba.

"Asisi," ndinatero, "Lachinayi m'galimoto mwanu muli malo a munthu wina?"

"Alipo," anayankha. "Koma kutsogolo amakhala alamu. Mpando wake ndinaupendeketsa kale kuti uziwakwanira."

Lachinayi ndinakhala kumbuyo ndi mayi ake, ndodo yawo ili pamiyendo panga. Njira yonse ndinkaona mkazi wina akuchepetsa liwiro pamabampu onse asanauzidwe, ndipo amuna anga anagona tulo tisanafike n'komwe padepoti.